Nkhuku yowotcha yathunthu: kusankha ya msinkhu woyenera

Tikafika pogula nkhuku, maso amathamangira yaikulu. Pa nkhuku yophika mumphika ndi tomato ndi anyezi, zimenezo sizilakwika kwenikweni, chifukwa timaiduladula, nthuli iliyonse n'kupsa payokha mumsuzi. Yowotcha yathunthu ili ndi malamulo ake. Moto umayambira pakhungu n'kumalowa pang'onopang'ono mpaka pafupa, ndiye nyama ikachindikala, ulendo wa motowo umatalika. Amene anaphikapo chigumu mumphika waukulu akudziwa: kunja chimapserera, pakati chikadali phala. Nkhuku yokula mopitirira imachitanso chimodzimodzi.

Kabuku kano kakuthandizani kusankha nkhuku poyang'ana chiwerengero cha anthu amene adye, moto umene muli nawo, ndiponso zaka za nkhukuyo. Kwa mabanja ambiri, nkhuku yosavuta kuwotcha ndi yolemera pakati pa makilogalamu 1.2 ndi 1.6 itasosoledwa ndi kutumbulidwa. Anthu akachuluka, gulani ziwiri za msinkhu umenewu kusiyana n'kusakasaka chinkhuku chimodzi.

Kulemera kwa yamoyo si kulemera kwa yosenga patebulo

Nkhuku imachepa kawiri isanafike pambale. Koyamba ndi pozinga: magazi, nthenga, mutu, zipalapasiro ndi zam'mimba zimachoka. Pa nkhuku zoyera zachizungu zija zowetera nyama, chotsala chimakhala pafupifupi magawo 70 pa 100 alionse. Ndiye yamoyo ya makilogalamu 2 imatsala pafupifupi makilogalamu 1.4. Yachikuda imatsala yocheperapo, chifukwa nthenga, miyendo ndi matumbo zimatenga gawo lalikulu la thupi lake. Thadzi la makilogalamu 1.5 mungalipeze litatsala kilogalamu imodzi kapena kuchepera pamenepo.

Kachiwiri ndi pamoto. Madzi ndi mafuta zimatuluka, ndipo nkhuku imataya pafupifupi gawo limodzi mwa magawo anayi a kulemera kwake. Mukachotsanso mafupa, nkhuku ya makilogalamu 1.5 yosenga imakupatsani mnofu wakupsa wokwana magalamu 600 kapena kuzungulira pamenepo. Anthu ambiri amadabwa akamva chiwerengerochi, koma ndi mmene zilili.

Choncho mukamva wogulitsa akuti "iyi ndi ya makilo awiri", funsani: yamoyo kapena yosenga? Kulemera konse kotchulidwa m'kabuku kano ndi kwa nkhuku yosenga, pokhapokha pamene tanena kuti ndi yamoyo.

Pamsika sikelo siipezekapezeka. Amene amagula nkhuku kawirikawiri achita bwino kukhala ndi kasikelo kokoloweka, kaja kokhala ndi ngowe. Mumanga nkhuku miyendo n'kuikoloweka, basi. Ngati mulibe, nyamulani paketi ya shuga ya kilogalamu imodzi kudzanja lina, nkhuku kudzanja linalo. Si muyeso weniweni, koma dzanja limaphunzira. Musaiwale kukhudza chithokomiro. Nkhuku imene yangodyetsedwa kumene gaga wonyowa imalemera m'manja, koma kulemera kumeneko mudzakutaya kudzala.

Akudya ndi angati?

Muyeso wosavuta kukumbukira ndi uwu: munthu wamkulu mmodzi, magalamu 350 mpaka 400 a nkhuku yaiwisi ndi mafupa ake omwe. Pa muyeso umenewu, nkhuku ya makilogalamu 1.2 ikwanira akulu atatu, ya 1.5 akulu anayi, ya 1.8 mpaka 2 akulu asanu, mwina asanu ndi mmodzi. Ana awiri aang'ono muwawerenge ngati wamkulu mmodzi. Mnyamata wa sekondale amene wangobwera kutchuthi muwerengeni ngati wamkulu, ndipo musanyinyirike mukaona kuti wapitirira.

Muyesowu ndi wa pamene nkhuku ndiyo ndiwo yokhayo yaikulu, monga pa mpunga kapena tchipisi. Pakakhala nsima, nyemba, chisoso kapena nkhwani wotendera, nkhuku ya makilogalamu 1.5 imafikira anthu asanu ndi mmodzi popanda wodandaula. Kumbukirani kuti nkhuku yowotcha ilibe msuzi wambiri. Yophika mumphika imatambasuka chifukwa ana amasusa msuzi; yowotcha aliyense amafuna nthuli yake m'manja. N'chifukwa chake nkhuku imene imakwanira banja lanu ikakhala yophika imatha kuperewera mukaiwotcha.

Pali mfundo ina imene sikelo siinena. Nkhuku, ikule bwanji, ili ndi miyendo iwiri, ntchafu ziwiri, mapiko awiri ndi chidali chimodzi. Mukaigawa mwachizolowezi zimatuluka nthuli 8, kapena 10 mukadula chidali panayi, kuwonjezerapo msana. Nkhuku ya makilogalamu 2.4 ili ndi nthuli zomwezo, zazikulu chabe. Nkhuku ziwiri za 1.2 zikupatsani miyendo inayi, ntchafu zinayi, mapiko anayi. Panyumba pamene ana amalimbirana mwendo, nkhani imathera pomwepo. Ndipo pakabwera apongozi kapena mlendo amene mwambo umati apatsidwe nkhuku yathunthu ndi nthutumba yake, imodzi ipita kwa alendo, ina itsala ya apanyumba, osadikirira makombo.

Tivomereze mbali imodzi: nkhuku yaikulu ili ndi mnofu wochulukirapo poyerekeza ndi mafupa ake, ndipo nthawi zina mtengo wake pakilogalamu umatsikirapo. Ngati muli ndi uvuni wodalirika ndi nthawi yokwanira, ya makilogalamu 2 si yoipa. Kungoti kupitirira apo mavuto amachuluka kuposa phindu.

Moto umene muli nawo

Apa ndi pamene mabanja ambiri amalakwitsa, chifukwa amasankha nkhuku asanaganize za moto.

Mu uvuni wamagetsi kapena wagasi, pa madigiri 190, werengerani mphindi 45 pakilogalamu iliyonse, n'kuwonjezerapo mphindi 20. Ya makilogalamu 1.2 itenga ola limodzi ndi mphindi 15, ya 1.5, ola limodzi ndi theka, ya 2, pafupifupi maola awiri, ya 2.5 ipitirira maola awiri. Nkhuku ziwiri za 1.2 zoikidwa pamodzi, zosakhudzana, zimapsa pafupifupi pa ola limodzi ndi theka. Onani kusiyana kwake: nyama yofanana, koma mayunitsi kapena gasi wochepa. Ndipo magetsi akazima mwadzidzidzi, kuli bwino akupezeni mwatsala pang'ono kumaliza.

Vuto la yaikulu lili pa chidali ndi ntchafu. Chidali ndi nyama yoyera yopanda mafuta ambiri; imapsa msanga, n'kuyamba kuuma. Ntchafu, makamaka pamene imalumikizana ndi thupi, imachedwa. Pa nkhuku yaing'ono, nthawi yapakati pa ziwirizi ndi yochepa. Pa yaikulu, mukamadikira kuti ntchafu ipse mpaka pafupa, chidali chimakhala chitauma kale, chofuna madzi pomeza. Mukaphula msanga kuti mupulumutse chidali, pafupa la ntchafu pamatsala paiwisi, ndipo pamenepo ndi pamene pamabisala tizilombo totsegula m'mimba monga Salmonella ndi Campylobacter.

Ngati uvuni wanu ndi kaja kakang'ono kokhala pamwamba pa tebulo, kokhala ndi mapuleti awiri pamwamba, yezani kaye mkati mwake. Pamwamba pa nkhuku pafunika mpata wa zala zitatu kapena zinayi kuti isayandikire chitsulo chotenthetsa. Mauvuni otere amafuna nkhuku ya makilogalamu 1 mpaka 1.3. Yaikulu imapserera pamwamba mkati musanatenthe n'komwe.

Ambiri mwa ife timawotchera pambaula. Pamakala, nkhuku yathunthu yosang'amba siipsa bwino pokhapokha mutaitunga kuchitsulo n'kumaizungulitsa kwa nthawi yaitali. Njira yabwino ndi kuing'amba motsatira fupa la msana, kuitambasula, n'kuipsinja pachidali ndi chikhatho mpaka itayalika. Ikatero nyama yonse imakhala pafupifupi yofanana kuchindikala. Panjira imeneyi sankhani ya kilogalamu imodzi mpaka 1.3, imapsa pa mphindi 40 mpaka ola limodzi pamakala ofiira opanda malawi, mukuitembenuza pafupipafupi, mbali ya mafupa ikukhalitsa kumoto kuposa mbali ya khungu. Nkhuku yopaka tsabola imene amawotcha ku Mozambique, ngakhalenso ija ya ku Quelimane yopaka mkaka wa kokonati, amaiwotcha yoyala chomwechi, ndipo nthawi zambiri imakhala yaing'ono. Yang'ananinso kukula kwa waya wanu wowotchera. Nkhuku imene miyendo yake ikulendewera kunja kwa mbaula idzapsa pakati pokha.

Njira yachitatu ndi ya mphika wa makala pansi ndi pamwamba. Muika timiyala toyera kapena kawaya pansi pa sefuliya yochindikala kuti nkhuku isakhudze pansi, muvundikira ndi chitsulo, makala ochepa pansi, ochulukirapo pachivundikiro. Pano mwini mawu ndi mphika: nkhuku ilowe momasuka, isakhudze m'mbali kapena chivundikiro. Makilogalamu 1.2 mpaka 1.4 ndiye malire abwino. Ikaposa apo mudzasintha makala kangapo, ndipo nthawi iliyonse mukavundukula kutentha kumathawa.

(Mbaula ikhale panja kapena pakhonde, ngakhale kugwe mvula yotani. Makala oyaka m'nyumba yotseka amatulutsa mpweya wakupha umene sununkha.)

Kukula si msinkhu wokha: yang'anani zaka

Nkhuku ziwiri zitha kulemera mofanana, ina n'kufewa pamoto, ina n'kulimba moti mano aziwawa. Chosiyanitsa ndi nthawi imene yakhala ndi moyo.

Nkhuku zoyera zanyama zimazingidwa zili ndi masabata asanu kapena asanu ndi limodzi, zikulemera makilogalamu 2 kapena kupitirira pang'ono zamoyo. Nyama yake ndi yanthete, ndipo ndiyo imagwirizana ndi nthawi zonse zimene tatchula pamwambapa. Zikasungidwa kupyola masabata asanu ndi awiri zimalemeradi, koma mafuta am'mimba amachuluka, ndipo pa zina zazikulu kwambiri chidali chimaoneka ndi timizere toyera kapena chimalimba mukachikhudza. Si matenda opatsira anthu, koma chidali chotere sichikoma chowotcha.

Yachikuda ndi nkhani ina. Kuti ifike kilogalamu imodzi ndi theka imatenga miyezi yambiri ikupalasa, ndipo minofu yake imakhala yolimba chifukwa choyenda. Kukoma kwake palibe amatsutsa. Koma pa zachikuda, lamulo likhale lakuti yaikulu ndi yamumphika, yaing'ono ndi yapamoto. Sankhani msoti umene sunayambe kuikira, kapena tambala wamng'ono amene wangoyamba kumene kulira, wa miyezi inayi kapena isanu. Yotere ikasengedwa kawirikawiri siikwana kilogalamu imodzi, ndipo imakwanira akulu awiri. Nkhuku zakuda za Mikolongwe, zimene mtundu wake ndi Black Australorp, pamodzi ndi za Kuroiler, zimakula kuposa zachikuda, ndipo atambala ake aang'ono amawotcheka bwino. Koma nazonso zikakalamba zimafuna mphika.

Mungadziwe bwanji zaka? Gwirani nsonga ya fupa la pachidali, kumunsi cha kumimba. Pa nkhuku yaing'ono nsongayo ndi yofewa, imapindika mukaikankha ndi chala. Pa yokalamba yasanduka fupa lolimba. Kwa tambala, onani kansonga kaja kamamera kumbuyo kwa mwendo: kakakhala kakafupi kobulungira, ndi wamng'ono, kakatalika n'kusongoka, ameneyo waona nyengo zingapo. Mamba a kumiyendo okhakhala ndi okhuthala nawonso amaulula ukalamba.

Chenjerani ndi nkhuku zofiirira zoikira mazira zimene alimi amagulitsa zikatopa kuikira. Zimakhala zitakwanitsa chaka ndi theka kapena kupitirira, mtengo wake umakopa, ndipo m'manja zimalemera ndithu. Ndi zabwino kwambiri pa msuzi. Kuziika pamoto mwachindunji n'kutaya makala. Ngati ndi yokhayo muli nayo, iwiritseni kaye yathunthu m'madzi amchere, adyo ndi anyezi mpaka foloko itayamba kulowa mosavuta m'ntchafu, kenako muipake mafuta ndi tsabola n'kuiwamba pamakala mphindi 15 kapena 20 kuti khungu lifiire. Madzi owiritsirawo musataye. Ndiwo msuzi umene nkhuku yowotcha imasowa.

Nkhuku yowodzera, yogwetsa mapiko, yotuluka mamina kapena yopinda khosi musagule, itchipe bwanji. Nthawi ya chitopa anthu amathamangira kugulitsa, ndipo mukabwera nayo kunyumba mutha kupatsira zanu za m'khola.

Yam'sitolo, youmitsidwa mufiriji

Ubwino wa yam'sitolo ndi wakuti kulemera kumalembedwa papepala. Werengani pepalalo, musayese ndi maso, chifukwa madzi oundana amakulitsa thumba. Gawani mtengo ndi makilogalamu kuti mudziwe mtengo wa kilogalamu imodzi. Mukatero mutha kuyerekeza yaikulu ndi yaing'ono, kapenanso yam'sitolo ndi yamoyo ya pamsika, mutakumbukira kuti yamoyo imatsala magawo 70 pa 100 okha.

Nkhuku youma ikasungunuka imataya madzi, ndiye chotsala chimachepera pa chimene chalembedwa. Makampani ena amabayiramo madzi amchere isanaumitsidwe. Ku South Africa, kuyambira mu 2016, lamulo limalola madzi otere mpaka magawo 10 pa 100 pa nkhuku yathunthu ndi 15 pa yoduladula, ndipo zimayenera kulembedwa pathumba. Abale amene muli ku Johannesburg kapena ku Cape Town, werengani malembo aang'onowo, ndipo muchepetse mchere pokoleretsa. Kulikonse kumene muli, mukagula youma onjezerani magalamu 100 kapena 200 pa muyeso umene mumafuna. Onaninso ngati m'mimba mwake mwaikidwa kathumba ka khosi, chiwindi ndi nthutumba. Kamawerengedwa pa kulemera, ndipo kayenera kutuluka nkhuku isanapite pamoto.

Thumba long'ambika, kapena lokhala ndi madzi ofiira oundana pansi pake, likusonyeza kuti nkhukuyo inasungunukapo n'kuumanso. Isiyeni.

Kukula kumakhudzanso nthawi yosungunula. Mufiriji, mbali yozizira chabe, nkhuku ya makilogalamu 1.5 imafuna pafupifupi tsiku lathunthu, ya 2.5 imafuna kupitirira apo. M'madzi ozizira, ili m'thumba losadontha, werengerani ola limodzi pakilogalamu, mukusintha madzi mphindi 30 zilizonse, ndipo ikasungunuka ipite pamoto nthawi yomweyo. Kuiyanika padzuwa kapena kuisiya pambale usiku wonse n'koopsa, makamaka mu Okutobala ndi Novembala: kunja kumafunda, tizilombo n'kuyamba kuswana, mkati mukadali mwala. Nkhuku imene mkati mwake mudakali madzi oundana, kuwerengera kwa mphindi kuja sikugwiranso ntchito.

Kudziwa kuti yapsa

Mphindi ndi chitsogozo chabe, chifukwa mauvuni amasiyana, makala amasiyananso. Amene ali ndi kachipangizo kobaya koyezera kutentha kwa nyama abaye pakati pa ntchafu, osakhudza fupa. Pafike madigiri 75. Amene alibe abaye pomwepo ndi mpeni woonda: madzi otuluka akhale oyera, opanda kufiira, ndipo mwendo uzigwedezeka momasuka mukaupotoza. Pa nkhuku zoyera zazing'ono, makamaka zimene zinaumitsidwapo, fupa ndi mnofu wolikhudza zimatha kuoneka zoderako ngakhale zitapsa, chifukwa mafuta a m'mafupa anthete amatulukira kunja. Chofunika kuyang'ana ndi mnofu weniweniwo: usakhale wonyezimira kapena woterera ngati waiwisi.

Mukaphula, idikireni mphindi 10 mpaka 15 musanadule. Mukaidula yotentha, madzi onse amathera pathabwa.

Ya mawa

Ena amagula yaikulu dala kuti itsale ya mawa. Kwa amene ali ndi firiji yodalirika, nzeru imeneyo ndi yabwino: zotsala zilowe mufiriji pasanathe maola awiri, zidyedwe m'masiku awiri kapena atatu, zitatenthetsedwa mpaka kutuluka nthunzi mkati. Kwa amene alibe firiji, gulani imene mumalize pachakudya chimodzi. Nkhuku yakupsa imene yagona pambale nyengo yotentha imatha kudwalitsa ngakhale isananunkhe, ndipo kuitenthetsanso sikuchotsa poizoni yense amene tizilombo tina timasiya. Oyamba kuvutika amakhala ana aang'ono, amayi oyembekezera ndi okalamba.

Kwa oweta okha pakhomo

Ngati mumaweta nkhuku zoyera, muli ndi mwayi wosankha tsiku. Yambani kuziyeza zikalowa sabata yachisanu. Yamoyo ya makilogalamu 1.8 mpaka 2.2 ndiyo ikupatsani yosenga ya 1.3 mpaka 1.5. Atambala amafika msanga kuposa misoti ya gulu lomwelo, choncho yambani ndi iwo. Tsiku lililonse lopyola pamenepo nkhuku imadya chakudya chambiri kuti iwonjezere kulemera kochepa, ndipo gawo la kulemerako ndi mafuta amene adzangodonthera pamakala n'kuyatsa malawi.

Imene mwaisankha ipatuleni, muichotsere chakudya maola 8 mpaka 12 musanaizinge, koma madzi akumwa ikhale nawo. Matumbo akakhala opanda kanthu sang'ambika msanga potumbula, ndipo nyama siipakika ndowe. Ngati inalandira mankhwala posachedwa, werengani papepala la mankhwalawo masiku oyenera kudikira musanaidye, kapena funsani alangizi a ziweto a m'dera lanu.

Oweta ogulitsa, funsani wogula kuti akukachita nayo chiyani. Wofuna yamumphika mpatseni yaikulu. Wofuna yowotcha pa Khirisimasi, pa Idi kapena pachinkhoswe, mfunseni akudya ndi angati ndipo akawotchera pati. Akati anthu asanu ndi atatu pambaula, musankhireni ziwiri kapena zitatu zofanana msinkhu kuti zikapse nthawi imodzi.